Dothi la ku Abisiniya

Addis Ababa,
6 Seputembala 1998.

Akulu anga a Keziya,

Landirani moni wochokera kutali. Ndafika bwino, kungoti m'mimba mwanga simunagwirizanebe ndi dziko lino. Kaya inu ku Mkanda kumeneko muli bwanji pamodzi ndi alamu ndi ana? Nanga abambo, chifuwa chija chalekako?

Za ndege musandifunse. Inu amene mumati mng'ono wanu ndi wolimba mtima chifukwa chobadwitsa ana ku chipatala, mukadandiona nditakakamira mkono wa munthu wosamudziwa, ndikunena Tikuoneni Maria mpaka kusokoneza mawu. Kuno kukuzizira ngati Juni, ndipo chakudya chawo ndi chinthu chowawasa, chopyapyala, chimene amachipinda ngati nsalu. Amati injera. Ndikudya poti njala ilibe manyazi.

Maphunziro athu a uzamba ndi a miyezi itatu, tidzamaliza pa 27 Novembala. Amalawi tilipo awiri okha.

Chimene ndafulumirira kulemba ndi ichi. Pa ndondomeko imene atipatsa alembapo kuti Loweruka la pa 17 Okutobala adzatitenga pa basi tsiku lonse, kukaona malo amene kunamenyedwa nkhondo ya Ataliyana, zipilala zake, ndi manda a asilikali. Nditawerenga ndinadzifunsa kuti, kodi Itiyopiya ameneyu si Abisiniya uja abambo amamutchula akamanena za mng'ono wawo, abambo aang'ono a Stefano, amene anapita ku usilikali wa Keyala osabwerako? Muwafunse ngati ndi kuno. Ngati pali chimene akukumbukira, kaya dzina la malo kaya chaka, mundilembere msanga. Kalata akuti imatenga sabata pafupifupi zitatu, ndiye musachite zanu zija zosunga envulopu m'Baibulo mpaka mwezi utathe.

Ndine mng'ono wanu,
Luwiza Kalinde.

Mkanda,
27 Seputembala 1998.

Mng'ono wanga Luwiza,

Takondwa kumva kuti ndege sinakutaye m'njira. Ife tili bwino. Alamu ako ali kalikiliki kuthirira nazale ya fodya, ine ndikusosa m'munda ndekha ngati ndilibe mwamuna. Chifuwa cha abambo chikadalipo, ndipo maso aja ng'ala yatsala pang'ono kuwatsekeratu. Ndikaima pakhomo amayamba afunsa kuti ndani.

Kalata yako ndinawawerengera ali pakhonde, akusenda mtedza wa mbewu. Za injera anaseka. Nditafika pa Abisiniya, lichero analikhazika pansi n'kundiuza kuti ndibwereze. Ndinabwereza katatu. Nkhuku zinayamba kudzigawira mtedza iwo osazipirikitsa n'komwe.

Tsono tamvera ntchito yako. Akuti ndi komweko. A Stefano anafa m'mwezi wa Meyi 1941, ndipo kuno kunangobwera pepala. Agogo anakwirira thunthu la nthochi m'malo mwa mtembo, paja pali kachimulu kopanda mtanda kumanda kwathu. Akuti ukawapeza manda awo ugwade, utape dothi dzanja limodzi cha kumutu, uwatchule dzina n'kuwauza kuti, "Tiyeni kwathu, abale anu akudikira." Potuluka usacheuke. Botolo lake usadzalikhazike pansi m'njira monse, kuopa kuti angatsalire pomwepo. Dothilo akufuna kudzalithira pa kachimulu kaja ndi manja awo asanafe. Mawu akuti asanafewo awabwereza mpaka ndachita kuwakalipira.

Ananenanso mawu ena amene ine sindilemba. Ndi zamalodza, zosayenera kuyenda pa pepala. Ukalamba wayamba kuwalankhulitsa zosokonekera.

Ine chiyambire sindinawaone abambo akufuna chinthu chonchi, ngakhale fodya wawo wofwenkha. Tsiku lililonse akumandifunsa kuti lero ndi pa chani. Ndiye usakachite zoseweretsa. Komanso usadzabwere chimanjamanja, ngakhale kampango ka kumutu ndidzalandira.

Ndine mkulu wako,
Keziya.

Addis Ababa,
22 Okutobala 1998.

Akulu anga,

Ndikhulupirira kuti nonse muli bwino. Kalata yanu inafika Lachinayi, kutatsala tsiku limodzi lokha la pakati, moti ndinachita kuthamanga kukafuna botolo. Ndinapeza la mankhwala, lokhala ndi zilembo zawo zija zonga mapazi a nkhuku, n'kulitsuka bwinobwino.

Ndiyambe ndi zoipa. A Stefano sindinawapeze. Muwauze abambo mosamala.

Tinanyamuka sikisi koloko m'mawa. Wotitsogolera anali bambo wina wamtali, wa chipewa ndi wenzulo m'khosi, amene ankatiwerenga ngati mbuzi nthawi iliyonse pokwera basi. Azamba akuluakulu ife, ena a zidzukulu, kumathamanga tikamva wenzulo! Poyamba anatifikitsa pa phiri lina, kumwera, kumene kunali maenje obisalamo asilikali. Pano anthu analimapo, ndipo ng'ombe zinali kudya mozungulira chimfuti chadzimbiri. Iye ankaloza uku ndi uku, akuti Ataliyana anali apo, enawo anali apa. Ine ndinkangoona minda.

Kenaka anatiimitsa pa mtsinje. Anati asilikali akuda ochokera ku Nyasaland anawoloka pamenepa madzi akuwalekeza m'khosi, mfuti atasenza pamutu, zipolopolo zikugwa. Ndinangozindikira ndakweza dzanja n'kunena kuti Nyasaland ndi kwathu. Anzanga anandiombera m'manja. Ndinanyada, koma manyazi anandigwiranso, chifukwa atandifunsa kuti ndifotokozeko ndinalibe chonena. Kusukulu tinaloweza mayina a akuluakulu a ku Ulaya, za anthu athu ayi.

Chimene chinatiwonongera tsiku ndi nkhomaliro. Tinadikira nsomba maola awiri, ndipo pa chipilala anthu anachedwanso ndi kujambulitsa. Kumanda tinafika hafu pasiti folo, geti amatseka faifi. Bambo wa wenzulo anatipatsa mphindi makumi awiri ndi zisanu.

Akulu anga, manda amenewo ndi osamalidwa kuposa bwalo la chipatala chathu ku Karonga. Kapinga wometedwa, miyala yoyera yofanana kutalika, mizere yowongoka ngati ya fodya. Pa geti pali kabokosi kachitsulo kosungiramo buku la mayina. Ndinafufuza pa S, ndinapeza Saidi, Samisoni, Sitima, koma Stefano panalibe. Pa Kalinde panalibenso. Ndinasiya bukulo n'kuyamba kuyenda mzere ndi mzere, ndikuwerenga mwala uliwonse. Mayina a kwathu enieni, Bwanali, Chimwaza, Jamu, agona kumeneko opanda wowalira. Ndinalira ine m'malo mwa eni ake.

Koma tamverani choseketsa. Pa mzere womaliza, pafupi ndi mpanda, ndinapeza mwala wolembedwa dzina limodzi lokha, GOLIATI. Dzina la abambo! Ndinaseka misozi ili m'maso, ndipo mnzanga anandijambula nditaugwira. Chithunzicho ndi chimene ndaikamo muno. Muwauze abambo kuti kuno ali ndi mnzawo wa dzina, ndipo akumuthirira kapinga tsiku ndi tsiku.

Ndinaganizako zongotapa pomwepo kuti botolo lisabwerere lopanda kanthu. Koma kutapa dothi pa manda a munthu wosamudziwa si ufiti umenewo? Ndingakufikitsireni mzimu wachilendo pakhomo. Wenzulo inalira, ndipo ndinali womaliza kukwera basi.

Mpango ndagula, wobiriwira.

Wanu,
Luwiza.

Mkanda,
12 Novembala 1998.

Luwiza,

Moni ndilibe naye nthawi, tonse tili moyo. Ukangowerenga kalata ino ubwerere kumanda kuja. Kaya ubwereka galimoto, kaya uyenda pansi, ubwerere.

Kalata yako ndinaiwerenga dzulo masana pakhonde, alamu ako alipo ndi anthu ena awiri oyandikana nafe. Zoti sunawapeze abambo anangogwedeza mutu. Nditafika pa nthabwala yako ya mnzawo wa dzina tonse tinaseka, chithunzi chikuyenda m'manja. Abambo okha sanaseke. Anafunsa kuti, "Pamwalapo pali nambala?" Ndinati ilipo, n'kuyamba kuwerenga, 8, 4. Iwo anamaliza okha, 1, 7.

Alendo aja anatsanzika osauzidwa. Abambo anandituma kukatenga chitini chija chokhala pansi pa bedi, chimene timati ndi cha makadi a ubatizo. Pansi penipeni panali pepala lakale lothetheka m'mapindiro. Dzina lake Goliati, nambala yake yomweyo, 19 Meyi 1941. Tsiku lomwelo lili pamwala m'chithunzi chako.

Ndilemba monga ananenera.

"Chaka cha 1940 mesenjala anabwera ndi pepala la mayina a anyamata oti apite ku Keyala. Langa linalipo. Ndinali nditangolowa chikamwini kwa amayi anu a Esitele, ali ndi pakati pa mwana wathu woyamba, uja anatisiya ali wakhanda. Ndinachita mantha, palibenso dzina lina loti ndiwapatse. Ndinadutsa malire kukabisala ku Chipata. Tsiku limene lole inabwera kudzatenga anyamatawo anaitana Goliati katatu, n'kunena kuti akasowa atenga amalume, munthu wamkulu wa ana asanu ndi mmodzi. Stefano anaimirira n'kuti, 'Ndine.' Anali ndi zaka 17, koma kutalika anandiposa. Ndinabwerako patatha sabata ziwiri, ndinapeza amayi akupukusa chimanga. Sanandikalipire. Mpaka anamwalira sananditchulenso dzina. Inu ana ndinakuuzani kuti anandibweza chifukwa cha chifuwa. Linali bodza."

Mng'ono wanga, mlandu wina ndi wanga. Mawu aja ndinakana kulemba anali akuti, "Umuuze Luwiza asakafune Stefano, akafune ine." Ine ndinati munthu wamoyo safunidwa kumanda. Ndinalavula pansi, n'kuwauza kuti aleke kudzilaulira imfa. Iwo anaganiza kuti ndalembabe. Safunsa anadya phula. Ndikadangowafunsa kuti mukutanthauza chiyani, bwenzi dothi lili m'chikwama mwako.

Dzulo sanadyenso kanthu. Kuti alawe phala m'mawa uno ndachita kuwalonjeza kuti nthawi ikadalipo, ubwererako. Chifuwa chakula, usiku akumagona chokhala. Alamu ako akupita nayo kalata ino pa njinga mpaka ku boma kuti ikwere lero lomwe.

Keziya.

Karonga,
14 Disembala 1998.

Akulu anga,

Kaya ndiyambe bwanji. Ndinanyamuka ku Addis Ababa pa 28 Novembala, kalata yanu inafika pa 1 Disembala. Mnzanga uja anatsalira sabata imodzi ndi amene waitenga, ndipo yandipeza lero kuno ku ntchito. Ndaiwerenga chiimire m'kachipinda ka azamba. Anzanga anaganiza kuti ndalandira uthenga wa maliro.

Ndinaima pamutu pa a Stefano, akulu anga. Dzanja langa linali pamwala, botolo lili m'chikwama, mano onse ali pamtunda. Munthu wadikira zaka 57 kuti wa kwawo abwere, wa kwawoyo n'kufika kudzaseka. Sabata zisanu ndi imodzi zinatsatira ndili m'dziko lomwelo, Loweruka lililonse ndikuyendayenda mumsika. Musadziimbe mlandu nokha. Ine ndinaona dzina la abambo anga pa manda a msilikali wa kwathu, chaka chomwecho, mwezi womwewo umene munatchula m'kalata, mutu osagwira.

Kubwerera sindingathe, ndipo madzi akatayika saoleka. Kubwera kumeneko nakonso andikaniza mpaka Isitala, akuti ndasowa kale miyezi itatu.

Tsono ndanena ndi mtima wanga, ndipo ndikudziwa kuti ndi tchimo. Mu phukusi lino muli mpango wanu ndi botolo lija, lopanda kanthu. Zilembo zake abambo sangazione, koma aliyense amene angamufunse adzawauza kuti si za kuno. Mukatape dothi kutali ndi mudzi, kumene sanapondeko, muwapatse. Muwauze kuti ndinabwererako, ndinagwada, ndinawaitana. Ngati masiku awo atsala ochepa, apite mtima uli m'malo. Tchimolo ndidzasenza ine.

Wanu,
Luwiza.

Mkanda,
10 Januwale 1999.

Mwana wanga Luwiza,

Ndine bambo wako. Akulemba ndi mkulu wako, koma ulendo uno ndamuuza kuti liwu lililonse lilowe, ndipo mlamu wako andiwerengera pomaliza kuti ndimve ngati wasiyako. Ndikhulupirira uli bwino pa ntchito. Ine mphamvu zikutha. Mvula ikugwa bwino, chimanga akuti chafika m'chiuno.

Botolo lako ndinalandira. Keziya anandipatsa atagwada. Ndinathira pang'ono m'dzanja, ndinanyowetsa ndi malovu, ndinafikisa, ndinanunkhiza. Mwanawe, dothi la ku Abisiniya sindilidziwa, koma la kwathu ndimalidziwa. Ameneyu ndi katondo wa ku esiteti ya kumalire ija. Mkulu wako anapalasa njinga maola awiri kukatapa kumene ankayesa kuti sindinapondeko, osadziwa kuti ndinalimako fodya zaka zisanu ndi zinayi iye asanabadwe. Ndinamufunsa, analira, anaulula.

Sindinakwiye. Ndingakwiye bwanji? Mwana wa munthu wabodza akanama chifukwa cha chifundo, ndiye kuti waposa bambo wake. Ine ndinanama chifukwa cha manyazi. Ndikadakhala mwamuna ndikadanena poyera tsiku loyamba lija kuti, lemba, mng'ono wanga anafa ndi dzina langa. M'malo mwake ndinalankhula mokuluwika, kufuna kuti mumve popanda ine kunena. Amene anakusocheretsa kumanda kuja ndine.

Dothilo ndamuuza akathire m'munda. Pa kachimulu kaja pagona kale nthochi m'malo mwa munthu, sindingaonjezepo bodza lina.

Chimodzi chandikhazika mtima pansi. Wanena kuti amamuthirira kapinga, ndipo wa kwathu anagwirako mwala wake. Zoti unaseka usadandaule. Stefano anali woseka, ankaseka ngakhale m'tchalitchi mpaka kumutulutsa.

Koma dzina lake silinalembedwe pena paliponse pa dziko lino. Kumene wagona palembedwa ine. Kuno palibe mtanda. Ine ndikatsamira mkono sipadzakhalanso munthu amene anamuona nkhope. Ndiye tamvera, ndipo Keziya wamva, mlamu wako ndi mboni. Mudzandiike pafupi ndi kachimulu kaja. Pa mtanda wanga musadzalembe Goliati. Goliati ali nawo kale manda, abwino, a mwala. Mudzalembe Stefano Kalinde, anabadwa 1923, anamwalira 1941. Iye ananyamula dzina langa kupita nalo kunkhondo, ine ndinyamule lake kuno kwathu.

Keziya akuti ndi zamalodzanso, koma walemba.

Ndine bambo wako,
Goliati Kalinde.

Mkanda,
21 Febuluwale 1999.

Mng'ono wanga Luwiza,

Telegalamu yako yonena kuti mlatho unakokoloka ndipo mabasi sakudutsa inafika titaika kale abambo m'manda. Palibe amene wakunena. Tinadikira tsiku limodzi, koma ndi mvula ino sitikadatha kupitirira. Ife tili bwino, kungoti pakhonde pakuchita zii.

Anapita Lachiwiri masana, mwakachetechete. M'mawa mwake anali atamwa phala, n'kufunsa ngati fodya wayamba kuthyoledwa.

Za mtanda panali phokoso. Achibale a ku Mavwere anati tikufuna kuchititsa manyazi mtundu. Akuluakulu a mpingo anati m'buku mwawo mulibe Stefano womwalira chaka chino. Wina ananena kuti ana athu adzalira pati. Ine ndinalowa m'nyumba, ndinatenga chitini chija, ndinawerenga pepala lakale lija pamaso pa onse, kenaka ndinafotokoza zonse, za Chipata zomwe. Nditamaliza, gogo wina wa m'dera la mfumu Zulu, amene sindimamudziwa n'komwe, anangoti, "Mnyamata wamtali uja? Ankaimba bwino." Pamenepo ndi pamene ndinalira zenizeni.

Kalipentala anandifunsa katatu tchizulo chili m'manja. Katatu konse ndinamuyankha chimodzimodzi. Sindikudziwa ngati tachita bwino. Ndikapita kukazula udzu ndimapezeka ndikuti abambo, maso ali pa dzina la munthu amene sindinamuonepo, ndipo zimandipweteka. Koma ndinawakanira kamodzi kulemba zimene ananena, ndipo kachiwiri sindikadatha.

Ukabwera pa Isitala n'kupeza ndili kumunda, usakavutike kufunafuna dzina la abambo. Ndi manda achitatu kuchokera pa mtengo wa msuku. Palembedwa Stefano.

Ndine mkulu wako,
Keziya.